Ulemu wa Mipando Iwiri

Mumsewu mwathu muno muli mawu amene mlendo sangawamve. Amayi awiri akakumana pampopi, wina n'kumati "tungani inu," mnzake n'kumati "ayi, mwayamba kufika ndinu," madzi akungotayika pansi, amene ali kumbuyo pamzere amawauza kuti, "Tatichotsereni ulemu wa mipando iwiri, ife tachedwa." Madalaivala akaima pamphambano, aliyense akukodola mnzake kuti adutse, wanjinga amawadutsa pakati akunena mawu omwewo. Tanthauzo lake ndi ulemu wopitirira muyeso, wa anthu awiri opatsirana mpata mpaka chimene amayenera kuchita chitatsala osachitika. Anthu amanena akuseka. Ngakhale ana anga amanena, ndipo ndinatopa nako kuwaletsa.

Munthu mmodzi yekha saseka. Ndi achimwene anga, ometa tsitsi, amene msewu wonse umawatcha a Pepani. Mipando iwiriyo ili m'shopu mwawo: wina ndi wawo, winawo ndi wa amuna anga. Ine ndine mlongo wa uyu ndi mkazi wa uyo, choncho nkhaniyi ndinaiona kumaso ndi kumbuyo komwe. Lero mukakhala pampando wa achimwene, asanagwire mashini amayamba akuweramitsani mutu, kukupindani makutu, kutsitsa kolala, ndipo akapeza kanthu amakuuzani mosapsatira, ngakhale benchi itadzaza anthu. Ena amati ukalamba wawachotsa ulemu. Si ukalamba. Ndi nkhani ya mkulu amene anawaphunzitsa ntchito, ndi kanthu kamene kanamera kunkhongo kwake, alamu awiriwa akungoyang'ana.

Dzina la Pepani silinabwere ndi ntchito. Tili ana, munthu akawaponda phazi opepesa anali iwo. Tsiku lina anagunda chitseko ndi chipumi, ndipo ndinawamva ndi makutu angawa akupepesa chitsekocho. Pakudya ankadikira kuti aliyense atenge, kenako n'kumati njala sakuimva kwenikweni. Ine wamng'ono ndinanenepera pa ulemu wawowo ndipo sindinadandaule. Bambo atamwalira, sukulu ya achimwene inathera pomwepo. Mayi anawagwira dzanja n'kupita nawo kwa mkulu wometa wapakona, amene aliyense ankangowatcha Madala, n'kuwasiya kumeneko ali ndi tsache m'manja.

Madala anali afupi, amanja ofewa ndi pakamwa polasa. Kuyamikira munthu sankadziwa. Ukameta bwino ankangotsokomola, ukalakwitsa msewu wonse unkamva. Achimwene anayamba ndi kusesa tsitsi, kenako kuchapa matawulo, kenako mitu ya ana olira amene amayi awo ankawapana ndi mawondo. Ndevu za akuluakulu anazigwira pomaliza. Anaphunzira kukoka khungu ndi chala chachikulu lumo lisanadutse, kuyesa kutentha kwa mashini padzanja lawo asanawaike pamutu pa munthu, ndi kusauzira tsitsi la pakhosi pa kasitomala ndi pakamwa. Madala ankawakalipira tsiku ndi tsiku, ndipo achimwene ankawakonda ngati bambo wowabereka.

Amene anadzakhala amuna anga anafika pashopupo mochedwa, atalephera ukondakitala chifukwa chochita manyazi ndi okwera. Pa zaka anali aakulu kwa achimwene, koma pantchito anali mwana, moti amene anawaonetsa kagwiridwe ka sizasi anali achimwene. Vuto linayambira pamenepo. Achimwene ankati, "Awa ndi akulu anga." Iwo ankati, "Awa ndi aphunzitsi anga." Kenako ine ndinadzakolezera moto. Ndinkabweretsera achimwene chakudya cha masana, ndipo mbale inayamba kukula, mpaka ndinakwatiwa ndi wodya mnzawoyo. Alamu ena amasereulana, amanyozana mpaka misozi ya kuseka. Awa ayi. Ukwati wanga unawonjezera ulemu pamwamba pa ulemu, wina akuti "munandipatsa mlongo wanu," wina akuti "mukundisungira mlongo wanga." Ine ndinali chikhalire pomwepo, wopanda wondifunsa ngati ndinapatsidwa kapena ndinapita ndekha.

Manja a Madala atayamba kunjenjemera, anasiyira onse awiri shopu osanena kuti bwana ndani. Ndi kachipinda kopapatiza, ka galasi lalitali lokhala ndi mng'alu pakona, benchi ya odikira, wailesi yomangidwa ndi mphira, ndi mipando iwiri. Wakuwindo umawala bwino, wakuchitseko umalowa fumbi. Kwa nthawi yaitali wakuwindo unakhala wopanda mwini, onse akulimbirana wafumbi, mpaka ine ndinanyamula chikwama cha amuna anga n'kuchiponya pawindopo.

Kasitomala akalowa onse ali chabe, zinkayamba.

"Alamu, mlendo wanu uyo," achimwene ankatero.

"Ayi alamu, ine ndangometa kumene. Akhale kwanu."

"Mutu uwu ukufuna dzanja lanu. Ine ndiuwononga."

"Kodi chimene dzanja langali limadziwa analiphunzitsa ndani?"

Tsiku lina amene anaima pakati anali wogulitsa nyama, munthu wa mtima wapachala. Anamvetsera, chipewa chili m'manja, akutembenuka uku ndi uku. Atatopa anati, "Ndinabwera ndi tsitsi lokha, pano ndevu zamera ndili chiimire. Ulemu wa mipando iwiriwu utikalambitsa." Anakoka benchi, nakhala pakati pa mipandoyo, n'kulamula kuti aliyense amete mbali yake. Anametadi choncho, akupepesana zigongono zikagundana. Mkuluyo anakaifotokoza nkhaniyi kubutchala, kwa aliyense wogula nyama, ndipo mawuwo anayenda okha. Masiku amenewo achimwene nawo ankaseka, akubisa pakamwa ndi chipeso.

Madala ankabwera mwezi ukatha kudzametetsa. Akazi awo anali atamwalira, mwana wawo wamkazi anakwatiwa kutali, ndipo iwo ankakhala okha m'kachipinda kuseri kwa malo ogulitsira matabwa. Zopatsirana mutu sankazilola. Ankasankha okha, mwezi uno mpando uwu, wotsatira winawo, n'kukhala pansi akudandaula kuti galasi ndi lakuda.

Tsiku lina achimwene atatsitsa kolala ya Madala kuti amange nsalu, anaona kadontho kakuda kunkhongo, pamene tsitsi limathera. Kanali ngati nyemba kukula kwake, kokhotakhota m'mbali. Mutu umenewo ankaudziwa bwino, ndipo kadonthoko kale kunalibe. Analambalala ndi mashini, namaliza, nathira paudala. Madala atatuluka, achimwene anadikira kuti benchi ikhale yopanda munthu.

"Alamu, kunkhongo kwa Madala mwaonako?"

"Ndinaona mwezi watha," anayankha amuna anga. "Ndimati mwina inu mwalankhula nawo."

"Ine? Mawu otere amafuna munthu wamkulu."

"Koma mwana wawo woyamba pantchito ndinu. Ndingadumphe bwanji inu mulipo?"

Anagwirizana kuti amene adzawamete ulendo wotsatira ndiye adzanene, ndipo onse mitima inakhala pansi ngati ntchito yatha.

Apa ndinene maganizo anga. Sunali ulemu wokha. Madala ankadana ndi chipatala chilowere akazi awo osatulukamo, ndipo aliyense wotchula za dokotala ankamusambitsa chokweza. Alamu awiriwa ankaopa kukalipiridwa, ankaopa kuona mkuluyo akuchita mantha, ankaopanso kuti kanthuko kakatchulidwa kasanduka koona. Ulemu unali chofunda chabe, pansi pake panagona mantha. Koma munthu sadziona kunkhongo. Wokhala ndi mkazi, mkazi amamuonera. Madala analibe wina wowaonera kumbuyo koma anthu awiri amenewa.

Mwezi wotsatira unali wa amuna anga. Anatsitsa kolala, nayang'ana achimwene m'galasi. Achimwene anayang'ana pansi. Amuna anga anayamba nkhani ya mpira. Wotsatirawo unali wa achimwene, ndipo anatseguladi pakamwa.

"Madala."

"N'chiyani?"

"Pepani, ndimati mashiniwa sakukuotchani?"

"Akandiotcha umva. Meta."

Kadontho kaja kanatukuka, kanakula ngati chikhadabo cha chala chachikulu. Tsopano alamu awiriwa anayamba kuchita chinthu chimene achimwene mpaka lero chimawavuta kuchitchula. Anayamba kusiya tsitsi lalitaliko pamalopo n'kulipesera pansi kuti liphimbe. Pomaliza kumeta wometa amagwira kagalasi kakang'ono kumbuyo kuti mwini mutu aone ntchito. Iwo ankakapendeka pang'ono, kaonetse mbali ya khutu, n'kukachotsa msanga. Sanapangane zimenezi. Wina anaona mnzake akuchita, nayenso n'kuchita, osafunsana.

"Mwayamba ulesi inu," Madala anatero tsiku lina. "Kumbuyoku simukutsitsa."

"Ndi mmene akumetera masiku ano," anayankha achimwene.

"Komanso kumandiyabwa. Taona, kuli chiyani?"

Mpata unali umenewo, mwini wake atafunsa yekha. Achimwene anawerama ngati akuona koyamba.

"Kachiphuphu chabe. Taonani alamu."

Amuna anga anabwera, naweramanso. "Eee, kachiphuphu. Ndi kolala imeneyi."

Anapaka sipiriti, nathira paudala, ndipo Madala anapita kwawo atakhutira. Mvula inadutsa, kuzizira kunadutsa, kutentha kunabweranso.

Ine zonsezi sindinkazidziwa. Matawulo a pashopu ndimachapa ndine. Tsiku lina m'mawa ndinapeza lina lili ndi magazi osakanikirana ndi mafinya. Alamu awiriwa sacheka munthu, zimenezo ndiwayamikire. Ndinapita nalo kwa amuna anga, amene ankapukuta nsapato pakhonde.

"Bambo a ana, mwacheka ndani?"

"Sitinacheke. Ndi Madala. Chipeso chinangokhudza."

"Chinakhudza chiyani?"

Anafotokoza akuyang'ana nsapato. Ndinafunsa kuti zinayamba liti.

"Papita kanthawi."

"Kanthawi kanji?"

"Mvula ya chaka chatha isanayambe."

"Ndiye anati chiyani mutawauza?"

Anapitiriza kupukuta nsapato imene inali itawala kale. "Timati alamu ndi amene ali oyenera."

Sindinapukute n'komwe m'manja. Ndinasiya beseni pomwepo n'kuyenda mpaka kuseri kwa matabwa kuja. Ndinawapeza Madala atakhala pakhomo akusoka batani la malaya.

"Madala, tembenukani ndione."

"Uone chiyani iwe?"

Ndinazungulira ndekha n'kukweza tsitsi lija. Chinali chilonda chakuda chonyowa, ndipo m'mbali mwa khosi munali mwanabere wolimba. 

"Valani jekete, tikupita kuchipatala."

Anandikalipiradi. Anati ndine mwana wopanda ulemu, anati mayi anga analephera kundilera, anati kuchipatala kumapita anthu okafa. Ndinawayankha kuti ulemu ndausiya kushopu, uliko wambiri wosagwira ntchito. Anandiyang'ana, anagwira kunkhongo, nayang'ana zala zawo. Kenako anafunsa kumene kunali nsapato yawo ina. Ukali wonse umene amuna awiri aakulu anauopa chaka chathunthu unatha mkuluyo asanamange zingwe za nsapato. Zimenezi zimandipweteka mpaka lero.

Atawayeza, dokotala anandiitanira pambali, poganiza kuti ndine mwana wawo. Anati ndi khansa ya pakhungu ndipo yalowa kale m'kati. Anati akanabwera kadakali kakang'ono akanangokadula, munthu n'kubwerera kwawo tsiku lomwelo. Mawu amenewo ndinawanyamula osataya ngakhale limodzi. Ndinafika pashopu, ndinapempha amene anali pabenchi kuti atuluke, ndinatseka chitseko n'kuwauza onse awiri monga mmene dokotala ananenera. Amuna anga anagwira mpando n'kuyamba kulira. Achimwene anakhala pansi, patsitsi losasesa, sizasi ili m'manja. Sananene kanthu, ngakhale pepani.

Anthu amanyamula mlandu mosiyana. Amuna anga amalira, amalankhula, amapemphera mokweza, kenako amadya. Achimwene anangouma. Ankatsegula shopu, kumeta, kutseka, osayatsa wailesi. Akazi awo anandiuza kuti chakudya chinkabwerera mmene chapitira. Kuchipatala ankafika pageti, n'kundipatsa zipatso kuti ndikapereke, iwo n'kutsala atatsamira mpanda. Ndinkawakwiyira ndipo ndinkawamvera chisoni nthawi imodzi.

"Achimwene, tiyeni mukawaone."

"Ndikawayang'ane ndi maso ati, achemwali?"

"Omwewo munkaonera chilonda."

Ndinalankhula mwankhanza, ndikudziwa, koma pakamwa panga ndi potero.

Madala m'chipatala muja sanatulukemo. Mwana wawo anabwera kudzawadwazika, ndipo tinkasinthana. Tsiku lina masana, atayamba kale kufooka, anandikodola.

"Ukawauze ana aja kuti ndevu zandikwana. Ndikuoneka ngati wamisala."

M'mawa mwake alamu awiriwa anatseka shopu n'kunyamula chikwama cha zida. Pakhomo la wodi onse awiri anaima. Ine ndinali kumbuyo, mawu ali kale pamilomo, koma achimwene analowa osayang'ana kumbali. Madala anali atatsamira mapilo, khosi litakulungidwa bandeji, ataonda moti makutu ankaoneka aakulu. Achimwene anapereka moni, anayala tawulo pachifuwa pawo, napempha madzi ofunda. Amuna anga anagwira kabeseni. Burashi inayenda, thovu linadzaza masaya, ndipo chala chachikulu chinakoka khungu monga anaphunzitsidwira. Atameta tsaya limodzi anaima.

"Madala, ine ndinaona. Kadakali ngati nyemba ndinaona. Ndinakhala chete. Ndinkakaphimba ndi tsitsi, ndipo mutandifunsa ndinakunamizani."

"Ayi alamu," anatero amuna anga. "Woyamba kuona ndine. Mlanduwu ndi wanga."

"Koma amene anafunsidwa ndine."

"Ine ndine wamkulu, ndinayenera..."

"Takhalani chete," anatero Madala. "Lumo lili pakhosi panga."

 Achimwene anatsuka lumo n'kuyamba tsaya linalo. Odwala a pabedi loyandikana anali atatembenuka kumvetsera, ndipo ine ndinakoka katani. Madala anatseka maso. Ndinaganiza kuti agona, koma analankhula, pang'onopang'ono kuti lumo lisawacheke.

"Tsiku loyamba lija, dokotala ataona kumbuyoku anandifunsa kuti, bambo, amakumetani ndani? Akuti wometa wa maso akanakuuzani kalekale."

Dzanja la achimwene linaima m'malere.

"Ndinamuuza kuti ndimadzimeta ndekha."

"Madala, mukananena," anatero achimwene. "Mukanatitchula."

Madala anatsegula maso n'kuwayang'ana, kenako anayang'ana amuna anga.

"Ndikananena kuti chiyani? Kuti ndinawaphunzitsa ndine?" Anatsekanso maso n'kukweza chibwano. "Tamaliza, thovu likuuma."